Chitseko Chopanda Nyumba

Nachisale (Matawale):
Mwaswera bwanji nonse pagulu pano. Ndili ndi nkhani imene yandisowetsa tulo chiyambire Loweruka. Mwana wa achemwali anga anandikoka dzanja kuti tikaone chionetsero cha mtsikana wina amene waphunzira zaluso konkuno ku Zomba. Wachiika m'nyumba ina yakale yosungiramo katundu cha kumtunda kwa msika. Ine ndimati ndikaona zithunzi za m'mafelemu, phiri lathuli, amayi atasenza mitsuko, ngati zimene amagulitsa anyamata panjira yokwera kuphiri. Ayi ndithu. Titangolowa, mdima bii. Pakati pa chipindacho pali chitseko cha matabwa, achimangirira kudenga ndi zingwe za khonje, chikungolendewera osagunda pansi. Loko wake ndi wokhoma, kiyi palibe. Pachitsekopo pali mzere wa matope ouma wofika pachifuwa panga, kusonyeza pamene madzi analekezera. Pansi pake ayalapo nsapato, mapatapata ndi tinsapato ta ana, iliyonse yopanda inzake. Kukhoma la kumbuyo akunga nsalu yoyera ndipo akuonetsapo kanema: manja a mayi wokalamba akutonola chimanga m'lichero, nkhope yake siikuoneka, mawu ake okha akutchula zinthu zimene zinali m'nyumba mwake. Mphika wa ndiwo. Buku la nyimbo. Kadi ya kusikelo ya mdzukulu. Wailesi. Anatchula mpaka singano. Sindikudziwa kuti misozi inayamba nthawi yanji. Nditafika kunyumba ndinafotokozera abambo akwathu, iwo akuti zimenezo si zaluso, n'kutola zinyalala basi. Alipo wina pano amene anapitako?

Tadala (Chikanda):
Anti Nachisale, ine ndapitako kawiri. Ntchito ya mtundu umenewu amaitcha installation. Ndiye kuti luso silili pa chinthu chimodzi chopachika pakhoma ayi, koma m'chipinda chonsecho: mdimawo, fungo la matope, phokoso la chimanga chikugwera m'lichero, ngakhale inuyo amene mwalowamo muli mbali yake. Ankolo akadzionere okha, mwina akabwerako ndi mawu ena.

Che Adamu (Songani):
Salaamu kwa nonse. Ine sindinapiteko ndipo mtima wanga sukundilola kupitako. Za chitseko ndilibe nazo mawu. Koma nsapatozo ndi za yani? Tonse tikudziwa chimene chinachitika mu Malichi 2023. Namondwe wa Freddy anatenga anthu oposa 1,000, ena mpaka lero matupi awo sanapezeke. Kwathu kuno zovala za munthu amene watisiya sizimwazikana chisawawa. Abale amakhala pansi, sadaka ikachitika ndiye amagawana mwaulemu. Tsono ngati mwini wa patapata imodzi mwa zimenezo ali pansi pa mchenga, ife n'kumaima pamwamba pake ndi mafoni n'kumajambula, mukuti n'zoyenera? Ndikufunsa ngati kholo, sindikunyoza mwanayo.

Nachisale (Matawale):
Che Adamu, mwandigwira pamtima. Kunena zoona ineyo za eni ake a nsapato sindinaziganizire ndili mkatimo. Maso anga anali pa loko uja.

Yamikani (Johannesburg):
Moni akwathu. Ine ndili mbali ya Che Adamu, koma pa chifukwa china. Kuno ndinagwirapo ganyu yonyamula ndi kupachika zinthu m'nyumba ina ya zionetsero. Tsiku lotsegulira ndinaona anthu ovala bwino, matambula a vinyo m'manja, akuzungulira malata ndi makatoni omwe wojambula anakatenga m'zisakasa za anthu osauka. Mtengo umene ndinamva kuti ntchitoyo yagulitsidwa, eni zisakasawo sangaupeze ngakhale atagwira ntchito zaka khumi. Chiyambire tsiku limenelo, ndikamva kuti wina akuonetsa mavuto a anthu, funso langa limakhala limodzi: akudyapo ndani?

Tadala (Chikanda):
Achimwene a Yamikani, nkhawa yanuyo ndi yoona ndipo siili kwa ife tokha. Mu 2016 Ai Weiwei, waluso wa ku China, anakuta nsanamira za holo ya Konzerthaus ku Berlin ndi majekete oyandamitsa munthu pamadzi okwana 14,000, otoledwa pachilumba cha Lesbos pamene amafikira othawa nkhondo. Ambiri anamuyamika. Koma chaka chomwecho anajambulitsa atagona chafufumimba m'mbali mwa nyanja motsanzira mwana wa ku Syria uja amene anamira, ndipo anthu anamudzudzula kwambiri. Munthu mmodzi yemweyo, kwina anakhoza, kwina anapyola malire. Koma chonde tisamuike m'gulu limenelo mtsikanayu tisanamumve. Pakhomo palibe kulipira, ndipo mafuta a jenereta magetsi akazima akugula yekha.

Aphiri (Domasi):
Ndawerenga zonse mofatsa. Ndiloleni nditalikitseko pang'ono, uphunzitsi sutha ngakhale munthu atapuma.

Choyamba, kwa abambo a kunyumba kwa mayi Nachisale amene akuti n'kutola zinyalala. Mwana wa konkuno, Samson Kambalu, anaphunzira zaluso pa Chancellor College m'zaka za m'ma 1990, kuyenda m'misewu yomweyi ya Chirunga. Lero akuphunzitsa ku Oxford. Poyamba anadziwika ndi mipira ya miyendo imene anaimata ndi masamba a Baibulo, ndipo ambiri anakwiya nayo. Kenako anayamba kupanga timakanema tatifupi, tosapitirira mphindi imodzi, n'kutitcha Nyau Cinema, kutengera nzeru za gule wamkulu ndi makanema aja ankatioonetsa pabwalo ndi pulojekita tili ana. Mu 2015 ntchito zake zinaonetsedwa ku Venice. Mu Seputembala 2022 chiboliboli chake, Antelope, chinaimikidwa pa Trafalgar Square pakati pa London. Anachitenga pa chithunzi cha 1914 chojambulidwa ku Mbombwe, ku Chiradzulu kwathu konkuno, pomwe John Chilembwe waima ndi mmishonale John Chorley. Chimene Kambalu anaona pachithunzicho, chimene ife tonse tinkangochidutsa, ndi chipewa. Nthawi imeneyo munthu wakuda sankaloledwa kuvala chipewa pamaso pa mzungu, koma Chilembwe chake chili kumutu. Kambalu anamukuza Chilembwe pafupifupi kawiri kuposa Chorley. Chipewa chokha chinanyamula thangata yense, chipongwe chonse cha atsamunda. Ndiye ngati chipewa chingathe kutero, chitseko chingalephere bwanji?

Chachiwiri. Mukamalowa m'tauni kuchokera ku Blantyre mumaona chipilala cha asilikali a KAR (King's African Rifles, gulu la nkhondo la nthawi ya atsamunda) pafupi ndi Cobbe Barracks. Ndi chokongola ndipo chiyenera ulemu. Koma agogo anga aamuna sanali msilikali. Anali mtengatenga. Anagwidwa kumudzi pa nkhondo ya 1914 mpaka 1918, n'kumasenza mabokosi pamutu kulondola asilikali mpaka kumpoto. Anabwerako ali ndi chipsera pa liwombo pamene tsitsi silinamerenso. Anzawo ambiri anatsala m'njira ndi njala ndi kamwazi. Ndinapitapo ku National Archives konkuno ku Zomba kukafufuza, ndinaona malipoti a mabwanamkubwa ndi ma DC olembedwa bwinobwino, koma mawu a agogo angawo simungawapeze m'mafayilo. Zinatengera William Kentridge wa ku South Africa kuti mu 2018 aike nkhani ya atengatenga pabwalo ku London, ndi zithunzithunzi za anthu osenza katundu zikudutsa pakhoma. Ndinasangalala kumva zimenezo, komanso zinandiwawa kuti ifeyo eni nkhani sitinaifotokoze. Mtsikanayu akuchita chimene ife a m'badwo wanga sitinachite. Akulemba mndandanda wa mphika ndi singano anthu ake akadali moyo.

Che Adamu (Songani):
Aphiri, mwalankhula zomveka ndipo za atengatenga nanenso zimandikhudza, atsibweni a bambo anga anapita komweko. Koma simunayankhe funso langa. Chipewa cha Chilembwe mwini wake timamudziwa, timamuona pa ndalama tsiku ndi tsiku. Nsapato zija eni ake ndani?

Aphiri (Domasi):
Pamenepo ndavomera, sindinayankhe. Ndilibe yankho.

Abiti Saidi (Kachulu):
Pepani ndalowa mochedwa, netiweki kuno kunyanja imavuta. Ine sukulu ya zaluso sindinapiteko, ndimagulitsa matemba ndi milamba. Koma zimene mukufotokozazi ine ndinaziona ndi maso mu 2018 nyanja ya Chilwa itauma. Mabwato ali ndandanda pa dothi long'ambikang'ambika, maukonde atapachikidwa pamitengo, zimbowera zimene asodzi amagonamo pamadzi zitakhala pansi pa njedza zouma. Anthu ankapita ku Chisi wapansi ndi panjinga, pamene kale tinkapalasa bwato. Amayi anga amati mu 1995 zinalinso chomwecho, ndipo agogo ankakamba za 1968. Amuna athu anabalalika, ena ku Mangochi, ena ku Mozambique, ena sanabwerenso, maukwati anatha. Kunabwera anthu ambiri ndi makamera aakulu. Wina anandiimika pambali pa bwato la malemu amuna anga, akuti ndiyang'ane kutali, ndisaseke. Ndinaima dzuwa likuswa mtengo. Mpaka lero chithunzicho sindinachione, sindidziwa kuti nkhope yanga ili m'dziko liti. Ndiye ine sindikukana kuti zinthu zathu zioneke. Zioneke ndithu, ana athu adziwe kuti nyanja imathawa. Koma bwanji zimathera m'tauni nthawi zonse? Amayi otonola chimangawo anadziona okha pansaluyo?

Nachisale (Matawale):
Achemwali Abiti, funso lanulo ndi lomwenso linandibwerera usiku. Tinalimo anthu ngati khumi ndi awiri, ambiri ana a sukulu ya ukachenjede ndi azungu awiri. Wa kumudzi ndinalibe kumuona.

Anabanda (adimini):
Abale, mtsikana amene tikumukambayu ndi mwana wa mnzanga wa kutchalitchi. Ndamufunsa ngati angalole kulowa pagulu pano kuti adziyankhire yekha, wavomera. Tisamuunjikire mafunso onse nthawi imodzi chonde, ndi mwana wathu.

Chisomo:
Zikomo anti Anabanda. Moni makolo anga ndi achimwene ndi achemwali nonse. Anti anditumizira zonse zimene mwalemba ndipo ndawerenga kawiri. Ndiyesetsa kuyankha mmene ndingathere.

Chitsekocho ndi cha nyumba ya anganga anga, amayi awo a mayi anga, kumudzi kwathu kupitirira pa Jali. Manja aja ndi awo, mawu ajanso ndi awo. Usiku umene madzi anabwera, mvula inali itagwa masiku atatu osakata. Anamva mkokomo, iwo amati napolo, monga mmene akuluakulu amatchulira zimene zinachitika paphiri la Zomba mu 1946 ndi ku Phalombe mu 1991. Anabereka mdzukulu kumbuyo, natuluka madzi ali m'mawondo. Koma asanathawe anabwerera masitepe awiri n'kukhoma chitseko ndi loko, kuopa akuba. Anakhala pa msasa wa pasukulu milungu isanu ndi umodzi. Atabwerera anapeza nyumba yonse yasungunuka, zidina zabwerera kudothi. Chitseko tinachipeza patali, chitakodwa m'nsungwi, chili ndi mphuthu yake, loko ali chikhomere.

Anti Nachisale, mwati kiyi palibe. Kiyi alipo. Ali pamfundo ya chitenje cha anganga, pamene amamangapo ndalama ya kuchigayo. Papita nthawi yonseyi, akukhala kwa amalume m'nyumba ya malata yabwinobwino, koma kiyi uja sachoka pamfundopo. Ndinawapempha kuti ndimuike pachionetsero, anandiyankha kuti, "Chitseko tenga, kiyi ayi. Ukufuna ndikhale mlendo?" Mawu amenewo ndi amene anandipangitsa ntchito yonseyi.

Nachisale (Matawale):
Mayo ine. Mwana iwe wandiliritsanso.

Yamikani (Johannesburg):
Chisomo, mlongo wanga, ndakhala chete nthawi yaitali ndisanalembe. Agogo anga aamuna anapita ku migodi ndi Wenela. Anali komweko mu Epulo 1974 pamene ndege inagwa ku Francistown n'kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kwawo, Kamuzu n'kuletsa kulemba anthu a ku migodi. Iwo sanabwerenso, anachona. Chimene chinafika kumudzi ndi sutikesi yachitsulo yokha, yobiriwira, mkati muli bulangete, jekete ndi kalilole. Agogo aakazi anaisunga kunsi kwa bedi zaka makumi atatu. Ifeyo tinkawaseka. Lero ineyo ndili ndi chikwama chachikulu cha pulasitiki cha mizeremizere kuseri kwa chitseko changa kuno. Ndinachilongedza mu Epulo 2015, nthawi imene ankatisaka alendo ndipo boma lathu linatumiza mabasi kudzatenga anthu. Sindinakwere basi, koma chikwamacho sindinachimasule mpaka lero. Muli pasipoti yakale, chitenje cha mayi anga ndi nsapato zatsopano zokafikira nazo kumudzi. Za kiyi wa anganga akozo ndazimva m'mafupa. Funso langa lija la ndalama silinathe, koma ndalifunsa mwaukali kwa munthu wolakwika.

Chisomo:
Achimwene, funso lanu ndi loyenera. Palibe chimene ndikugulitsa. Chitseko ndi cha anganga, ndangobwereka. Mmodzi mwa alendo anafunsa ngati angagule kanemayo, ndinamuuza kuti ndikafunse kaye eni mawu. Sindinawafunsebe chifukwa sindikudziwa kuti ndikawafotokozera bwanji kuti munthu akufuna kugula mawu awo.

Che Adamu (Songani):
Mwanangu Chisomo, Mulungu awasunge anganga ako. Za chitseko ndamva ndipo ndagonja. Tsopano nsapato.

Chisomo:
Che Adamu, ndimadziwa kuti tifika pamenepa, ndipo sindibisa. Nsapatozo ndinatola ndekha m'mbali mwa mtsinje madzi ataphwa, tikufunafuna katundu wa anganga. Zinali paliponse, m'mabango, m'mizu ya mitengo. Ndinadzaza thumba limodzi la feteleza. Zilipo 41. Eni ake sindikuwadziwa. Sindinapite kwa amfumu, sindinafunse aliyense. Ndinkaganiza kuti popeza ndi zotayika, zilibe mwini.

Lachitatu lapitali kunabwera mayi wina amene amagulitsa nthochi panja pa nyumbayo. Anangolowa kudzathawa dzuwa. Anagwada n'kutola kansapato kamodzi ka pulasitiki kapinki, ka mwana wa zaka ngati zinayi, kothyoka lamba. Anakagwira pachifuwa nthawi yaitali osanena kanthu. Ndinamufunsa ngati akukadziwa, anati ayi, koma wake anali ndi kotere. Kenako anakabwezera pamalo pake bwinobwino n'kutuluka, nthochi zake n'kuziiwala pakhomo. Usiku umenewo sindinagone. Sindikudziwa ngati ndinamuthandiza mayiyo kapena ndinamutokosa chilonda chimene chinayamba kupola. Ndiye pamene mukufunsa kuti ndi za yani, ine ndilibe poyankhira. Ndinalakwa kusafunsa.

Che Adamu (Songani):
Wayankha ngati munthu wamkulu. Sindikuonjezera mawu pa bala limenelo.

Tadala (Chikanda):
Koma ine ndikupempha kuti nsapatozo zisachoke. Pepani makolo ngati ndikulimba mutu. Chitseko chikunena za banja limodzi, nsapato zikunena za anthu oposa theka la miliyoni amene anasowa pokhala. Doris Salcedo wa ku Colombia, mu 2003 ku Istanbul, anaunjika mipando yamatabwa 1,550 pampata wa pakati pa nyumba ziwiri. Palibe dzina ngakhale limodzi linalembedwa, koma aliyense wodutsa ankadziwa kuti mpando uliwonse ndi munthu amene kulibe. Mphamvu yake inali pomwepo, pa kusadziwika kwa eni ake. Tikachotsa chilichonse chowawa, titsala ndi zithunzi za amayi osenza mitsuko zija anti Nachisale anatchula.

Aphiri (Domasi):
Tadala mwana wanga, za Salcedo wanena zoona. Koma ganizira kusiyana kwake. Wodutsa pa mipando ija sakanaloza mpando n'kunena kuti uwu ndi wa mwana wanga. Kuno mtsinje ndi womwewu, mudzi uli pamtunda wa ola limodzi, ndipo maliro ake sanazizire. Wina akhoza kulowa n'kuizindikira nsapato yeniyeniyo.

Ndikukumbukanso Mona Hatoum, wobadwira ku Beirut m'banja la Apalestina. Anapita ku London mu 1975 kukangocheza, nkhondo n'kubuka kwawo, iye n'kulephera kubwerera. Mu 1988 anapanga kanema wa makalata amene mayi ake ankamulembera, zilembo za Chiarabu zikuoneka pamwamba pa zithunzi za mayiyo akusamba. Ndi zinthu za m'nyumba zenizeni, zoti ife kuno sitingayerekeze. Koma mayiyo ankadziwa, analola, ndipo m'makalatamo nkhani ya zithunzizo akuikamba yekha. Kwa ine chimene chimasiyanitsa ndi chimenecho. Anganga a Chisomo analola chitseko, anakana kiyi, ndipo kukana kwawoko kwaikometsa ntchitoyo. Eni nsapato sanapatsidwe mpata wokana.

Tadala (Chikanda):
Nanga ngati eni ake sangapezeke konse? Ndiye kuti zikakwiriridwe, anthu aiwale?

Abiti Saidi (Kachulu):
Iwe Tadala, ndani wakuuza kuti ife timaiwala? Aiwala ndi a m'tauni. Ife tikamva mvula ikugunda malata usiku timadzuka n'kukhala tsonga mpaka kucha. Chionetserocho sitikuchifunira kutikumbutsa. Tikuchifunira kuti tikhale pamodzi n'kuchiona, wina anene kuti inenso wailesi yanga inapita, wina anene kuti inenso mbuzi zanga. Pa msasa paja aliyense ankalira zake, nthawi yomvetserana panalibe, tinali pamzere wa ufa.

Tadala (Chikanda):
Pepani anti Abiti, ndinalankhula mothamanga.

Nachisale (Matawale):
Mawu a achemwali Abitiwa andikumbutsa amayi anga. Kwathu kwenikweni ndi ku Mulanje, kumalire. Nthawi ya nkhondo ya ku Mozambique, dziko lino litalandira othawa kwawo oposa miliyoni imodzi, pakhomo pathu panakhala banja lina la ku Milange zaka zisanu. Mayi wa m'banjamo anabwera ndi chinthu chimodzi chokha, munsi, mtondo anausiya. Nkhondo itatha mu 1992 anabwerera, koma munsiwo anawasiyira amayi anga kuti azikumbukira. Ulipo mpaka lero, wasalala ngati galasi pogwirira. Ana anga amangouona ngati mtengo. Loweruka lija ndi pamene ndinazindikira kuti sindinawauzepo mwini wake.

Che Adamu (Songani):
Ndiloleni ndinene maganizo anga, mutsutse ngati ndaphonya. Mutu umodzi susenza denga. Chisomo asachotse yekha nsapatozo ndipo asazisunge yekha. Azibwezere m'thumba, apite nazo kwa amfumu a dera limene anazitola, afotokoze monga wafotokozera pano. Amfumu aitane anthu, a mpingo ndi a mzikiti akhalepo. Amene azindikire yake kapena ya m'bale wake atenge, akachite nayo monga mwa mwambo wa kwawo. Zotsalazo anthu omwewo anene: kaya zibwerere kuchionetsero, kaya zikwiriridwe pamalo amodzi. Akalola, ine ndidzakhala woyamba kupita kukaona, ndipo ndidzavula nsapato zanga pakhomo.

Aphiri (Domasi):
Ndikugwirizana nazo. Ndingoonjeza kuti popita kumeneko chitseko ndi kanema zipite nawo. Funso la mayi Abiti lija lisagwe pansi.

Chisomo:
Anti Abiti anafunsa ngati anganga anadziona pansalu. Ayi, sanadzione. Ndinawaonetsa pafoni pokha, iwo anati manjawo ndi akuda kwambiri, bwanji sindinawauze asambe kaye. M'tauni anakana kubwera, akuti miyendo. Kunena zoona ndinkaopanso kupita nazo kumudzi. Kuno anthu akaona amandiyamikira n'kumapita. Kumudzi akandifunsa kuti mwana wa uje, watenga chitseko cha anganga ako n'kuchipachika ngati mbuzi yosenda, watani? Koma ndamva. Nsapato ndizichotsa mawa m'mawa tisanatsegule. Pamalo pake ndisiyapo thumba lopanda kanthu lija, kuti wofunsa ndizimuuza kumene zapita. Tadala, usakhumudwe.

Tadala (Chikanda):
Sindinakhumudwe. Ndikuonabe kuti chipindacho chichepa mphamvu, koma ndibwera kudzakuthandiza kulongedza. Ndibweretsa magolovesi ndi manyuzipepala okulungira iliyonse payokha, zisakhale mulu umodzi.

Yamikani (Johannesburg):
Kumudzi kulibe magetsi, mukaonetsa bwanji? Pulojekita yaing'ono imatha kuyenda ndi batire ya galimoto ndi inveta. Mafuta a galimoto yonyamula chitseko ndilipira ine, Anabanda mundiuze kotumiza. Pempho langa ndi limodzi: wina akandijambulire mawu okha, osati nkhope za anthu, ngati iwo alola. Ndikufuna kumva Chinyanja cha kwathu chikutchula miphika.

Abiti Saidi (Kachulu):
Batire ndi inveta zilipo kwa mlamu wanga amene amaonetsa mpira pa Kachulu, ndikamupempha. Nsalu yoyera musavutike, ndili ndi bafuta watsopano wa mamita anayi. Koma mukamaliza kwa anganga ako, Chisomo, ubwere nazo kuno kudoko. Ndipo ubwere ndi chojambulira mawu chako. Ndikufuna nditchule zimene zinali m'bwato la amuna anga, ndikuzikumbukira zonse mpaka chikho chokapira madzi. Nkhope yanga usajambule. Manja okha, ndikuyanika matemba pathandala.

Chisomo:
Ndibwera anti. Ndipo mukadzamva mawu anuwo n'kuona kuti simukuwafuna, tidzafufuta pomwepo inu mukuona.

Anabanda (adimini):
Chabwino abale. Kwa amfumu sapita mwana yekha. Ndani amuperekeze?

Che Adamu (Songani):
Ndipita ine, ngati amalume ake avomera kuti titsagane. Iwo ndiwo ayenera kutsogolera mawu, ine ndikangokhala pambali. Lachinayi ndilibe chochita. Chisomo, uwaimbire lero amalume akowo, uwauzenso anganga kuti tikubwera, asadzidzimuke poona chitseko chawo chikutsika m'galimoto.

Chisomo:
Ndawaimbira kumene. Amalume avomera Lachinayi, akuti tikafike dzuwa lisanakwere chifukwa amfumu masana amapita kudimba. Anganga anali pomwepo, analanda foni. Afunsa ngati loko sanachite dzimbiri, akuti ndimuthire timafuta ta makina osokera tisananyamuke. Ndawafunsa ngati akufuna kudzatsegula pamaso pa anthu, akuti ayi, angofuna asaume.

Nachisale (Matawale):
Timafutato ndili nato, ndikupatsira mawa pobwera ndi abambo akwathu, avomera kudzaona chisanachoke. Chitsekocho n'chachitali bwanji pamodzi ndi mphuthu yake? Mlamu wanga ali ndi kagalimoto kapikapu, ndimufunse ngati chingakwane chogoneka.

Chisomo:
Mamita awiri kutalika, m'lifupi sichikwana mita. Koma chisagone chafufumimba anti, mbali ya matope ikhale kumwamba, angakhululuke m'mabampu a msewu wa ku Jali.